Misozi ndi Zozizwitsa m'Zithunzi Zopanda Mau

Lero tidzakamba za zithunzi zoyenda, zimene ena amazicha kanema, ena filimu, ndipo akuluakulu ambiri a ku migodi anazizoloŵera ndi dzina lakuti baisikopo. Koma sitidzakamba za mafilimu a masiku ano ai. Tidzabwerera m'mbuyo zaka zoposa 100, pa nthaŵi imene zithunzi zinali kuyenda pa nsalu popanda kutulutsa liu ngakhale limodzi. Munthu anali kuoneka alikulira kapena kupemphera, koma mau ake osamveka. Funso lathu ndi ili: kodi anthu a nthaŵi imeneyo anatha bwanji kusimba nkhani za Cikristu, za cisoni, za cikhulupiriro ndi za zozizwitsa, popanda kulankhula?

Tiyambe ndi cinthu cimene cinacitika zithunzi zoyenda zisanapangidwe. M'mwezi wa Januwale caka ca 1854, David Livingstone anafika ku mudzi wa mfumu Shinde ya Alunda. M'katundu wake munali nyali yokhala ndi magalasi, imene inali kuponya cithunzi cacikulu pa nsalu mu mdima. Zithunzizo zinali zojambulidwa pa tizidutswa ta galasi, ndipo sizinali kuyenda. Coyamba cimene anaonetsa cinali ca Abrahamu atatukula mpeni kuti aphe mwana wake Isake, nkhani ya m'buku la Genesis mutu 22. Anthu anapenya ali cete. Koma pamene galasilo linakokedwa kuti aikepo lina, mpeni uja unaoneka ngati ulikubwera kumbali kumene kunakhala azimai, ndipo iwo anakuwa nathaŵa, ena akuphunthwa pa zitsamba za fodya. Mfumu sinasunthe. Inakhala mpaka kumapeto, ndipo pambuyo pake inayang'anitsitsa nyaliyo kuti ione m'mene inali kugwirira nchito.

Musaŵaseke azimai aja, pakuti cithunzi mu mdima cili ndi mphamvu pa munthu wa mtundu uli wonse. Koma ife lero titsanzire mfumu Shinde. Tikhale pansi, tipenye, kenaka tisuzumire m'kati mwa makina.

Tsiku limene ambiri amaliŵerenga monga ciyambi ca kanema ndi 28 Disembala 1895, pamene abale aŵiri, Auguste ndi Louis Lumière, anaonetsa zithunzi zoyenda kwa anthu olipira ndalama mu mzinda wa Paris ku France. Filimu ya nthaŵi imeneyo inali lamba wautali woonekera, wokhala ndi tizithunzi tambirimbiri totsatizana. Makina anali kuthamangitsa lambayo patsogolo pa nyali, tizithunzi ngati 16 pa sekondi imodzi, ndipo maso a munthu anali kunyengedwa naona ngati zinthu zilikuyendadi. Lamba mmodzi wa a Lumière anali wa mamita 17, ndipo anali kutha mphindi imodzi isanakwane.

Tsono ganizani, ana inu. Mwapatsidwa mphindi imodzi, ndipo simuloledwa kulankhula. Mudzasimba nkhani yotani? Nkhani yatsopano idzakukanikani, pakuti openyerera sadzadziŵa kuti uyu ndani ndipo uyo wakwiyiranji. Pafunika nkhani imene anthu aidziŵa kale kucokera ku ubwana. Ku Ulaya ndi ku America nkhani yotere inali ya Yesu. Munthu akaona khanda m'khola la ng'ombe ndi abusa atagwada, sanali kufuna womuuza kuti ndi Betelehemu. Akaona amuna 13 pa gome limodzi ndi mkate ndi cikho, anali kudziŵa cimene cidzatsatira. Motero m'caka ca 1897 munthu wina wa ku Paris, Albert Kirchner, anajambula masautso a Kristu, ndipo m'caka ca 1898 kampani ya a Lumière inatulutsa filimu yake ya zigawo 13. Zigawo zifupizifupi zikalumikizidwa, zinali kupanga nkhani yaitali kuposa mafilimu ambiri a masiku amenewo.

Panalinso cifukwa cina, ndipo tisacibise. Kanema woyamba anali kuonetsedwa m'misika ndi m'nyumba za maseŵera, ndipo anthu ambiri opemphera anali kumuyesa cinthu cacabe. Eni makina anaona kuti filimu ya moyo wa Yesu idzakoka abusa, makolo ndi ana, amene sakadaponda m'malo otere. Ena anapanga mafilimuwo cifukwa ca cikhulupiriro cao, ena cifukwa ca ndalama, ndipo ambiri cifukwa ca zonse ziŵiri. M'nyumba zoonetseramo simunali zii monga ku manda. Munali woimba limba, nthaŵi zina gulu la oimba nyimbo za m'chalichi, ndiponso munthu woimirira pambali pa nsalu kufotokoza cimene cinali kuoneka. Pambuyo pake anayamba kuika mau olembedwa pakati pa zithunzi, kuti odziŵa kuŵerenga aziŵerenga okha.

Kumene kuli ndalama, cinyengo sicisoŵa. Ku Germany kuli mudzi wochedwa Oberammergau. M'caka ca 1633 mliri unapha anthu ambiri m'mudzimo, ndipo otsala analumbira kuti Mulungu akaŵapulumutsa, adzacita seŵero la masautso a Kristu kamodzi pa zaka khumi zili zonse. Anayamba m'caka ca 1634, ndipo mwambowo ulipobe. Seŵerolo linachuka kwambiri, kotero kuti m'caka ca 1898 anthu a ku New York anathamangira kukaona filimu imene inalengezedwa ndi dzina la mudziwo. Koma manyuzipepala anaulula kuti filimuyo sinajambulidwe ku Germany konse. Anaijambula pa denga la nyumba ina yaitali mu New York momwemo, m'nyengo yozizira, mapiri ndi mzinda wa Yerusalemu zili zojambula pa nsalu. Codabwitsa ndi cakuti anthu atadziŵa zimenezi, sanaleke kupita kukaiona.

Tsopano tifike pa zozizwitsa. Mwina muganiza kuti cinthu covuta koposa kuonetsa cinali munthu woyenda pamwamba pa madzi, kapena mngelo wotsika kumwamba. Zoona zake n'zakuti zimenezi ndizo zinali zapafupi. Mfalansa wina, Georges Méliès, amene asanayambe kupanga mafilimu anali kuonetsa zamatsenga m'nyumba ya maseŵera, anali kusimba kuti tsiku lina alikujambula mseu wa mu Paris, makina ake anaima pang'ono, kenaka anayambanso. Pamene anapenya filimuyo, anaona basi yokokedwa ndi akavalo itasanduka mwadzidzidzi ngolo yonyamula maliro. Panalibe matsenga. Pa nthaŵi imene makina anaima, basi inapita ndipo ngolo inafika pa malo omwewo. Cotero wojambula akafuna kuti mngelo aonekere, anali kuimitsa makina, kuuza onse kuti asagwedezeke, kuloŵetsa munthu wovala mapiko, ndi kuyambanso kujambula. Pa nsalu mngelo anali kungotulukira pamene panalibe kanthu.

Njira ina inali yojambula kaŵiri pa lamba mmodzi. Coyamba ajambula nyanja ndi mafunde ake. Kenaka abweza lambayo, najambula munthu wovala zoyera alikuyenda patsogolo pa nsalu yakuda. Zithunzi ziŵirizo zimagwirizana, ndipo munthu aoneka alikuyenda pa madzi. Méliès anacita zimenezi m'caka ca 1899 poonetsa Kristu pa nyanja. Kampani ya Pathé inacita zoposa pamenepo m'filimu yake ya moyo wa Yesu, imene Ferdinand Zecca ndi anzake anaipanga kuyambira m'caka ca 1902 naipanganso mwatsopano m'caka ca 1907. Inali ya mphindi zoposa 40, ndipo inali ndi mitundu. Mitunduyo inali kupakidwa pa kacithunzi kali konse m'fakitale, ndipo ogwira nchito yofuna maso akuthwa imeneyi anali akazi mazana. Mukapenya filimuyi mosamala mudzaona tambala wojambulidwa pa zipupa m'zigawo zambiri. Si tambala wa Petro ai. Ndi cizindikiro ca kampani, cimene anali kuika kuti ena asabe filimu yao.

Mafilimu otere anafika kutali. Mu mzinda wa Bombay ku India, umene tsopano uchedwa Mumbai, munthu wina dzina lake Dadasaheb Phalke anaona filimu ya moyo wa Kristu, nadzifunsa cifukwa cake nkhani za cipembedzo ca kwao sizingaonetsedwe comwecho. M'caka ca 1913 anatulutsa filimu yake yaitali yoyamba, ndipo lero amakumbukiridwa monga tate wa kanema wa ku India.

Cozizwitsa cinali capafupi, koma cisoni cinali covuta. M'zaka zoyambazo kamera inali kuikidwa patali, pamalo amodzi, monga munthu wokhala pa mpando wakumbuyo m'chalichi. Anthu onse anali kuoneka kuyambira kumutu kufikira kumapazi, ndipo nkhope zao zinali zazing'ono. Misozi sinali kuoneka. Motero mai wolira mwana wake anali kukweza manja kumwamba, kudziguguda pa cifuwa ndi kudzigwetsa pansi, kuti wopenyerera adziŵe kuti pagwa maliro. Ife amene tinakhalapo pa maliro tidziŵa kuti cisoni cina cimakuwa, koma cina cimakhala phee pakona pa nyumba, maso ali pansi. Cisoni cacete cimeneco kamera yakutali sinathe kucigwira.

Mmodzi wa oyamba kulimbana ndi vutoli anali mkazi, Alice Guy. Iye anayamba nchito monga mlembi wa Léon Gaumont ku Paris, koma anakhala mtsogoleri wa nchito yopanga mafilimu pa kampaniyo. M'caka ca 1906 anapanga filimu ya kubadwa, moyo ndi imfa ya Kristu, ya zigawo 25, ndi anthu pafupifupi 300. Pa zozizwitsa zambiri za m'Mauthenga Abwino, iye anasankha kuuka kwa mwana wamkazi wa Yairo, nkhani ya nyumba ya maliro ndi makolo osweka mtima. M'filimu yake akazi ali ponseponse. Alipo pa khola, alipo pa njira ya ku Gologota pamene Yesu agwa ndi mtanda, alipo pa manda. Pa cigawo ca Veronika, mkazi amene Akatolika amamukumbukira m'Njira ya Mtanda kuti anapukuta nkhope ya Yesu, kamera isendera pafupi kuti tione nsaluyo ndi mkazi woigwira. Kusendera pang'ono kumeneku kunali ciyambi ca cinthu cacikulu.

Ena anaganiza kuti mtima wa wopenyerera udzakhudzidwa akaona malo enieni. M'caka ca 1912 kampani ya Kalem ya ku America inatumiza Sidney Olcott ndi gulu lake ku Egypt ndi ku Palestine, ndipo anapanga filimu yochedwa From the Manger to the Cross, ndiko kuti kucokera ku khola kufikira ku mtanda. Mkazi wina wa m'gululo, Gene Gauntier, ndiye analemba dongosolo la nkhani, ndiponso ndiye anaseŵera ngati Mariya. Muli cigawo cimodzi cimene cionetsa nzeru ya anthu aŵa. Yesu ali mnyamata atuluka m'nyumba ya ukalipentala atasenza thabwa pa mapeŵa, ndipo dzuŵa liponya mthunzi wake pansi. Mthunziwo uli ngati mtanda. Palibe wolira, palibe wolankhula, koma yense wodziŵa nkhaniyo amva kuŵaŵa mu mtima. Filimuyi itafika ku London inautsa mkangano, pakuti ena anati si bwino kuti munthu wolipidwa avale nkhope ya Ambuye. Bungwe loyang'anira mafilimu ku Britain, limene linayamba nchito m'caka ca 1913, linaika lamulo loletsa kuonetsa Kristu pa nsalu, ndipo lamulolo linakhala zaka zambiri.

Ku America kunalibe lamulo lotere. M'caka ca 1927 Cecil B. DeMille anatulutsa The King of Kings, filimu yaikulu ya ndalama zambiri, imene amishoni anainyamula ku maiko ambiri kwa zaka zoculuka pambuyo pake. Muli zambiri zongokometsera maso, koma muli cigawo cimodzi cimene ndifuna mucikumbukire. Filimu iyamba, anthu alikukamba za Yesu, koma ife sitimuona. Kenaka kamtsikana kakhungu katsogoleredwa kwa iye. Nsalu yonse ida bii, pakuti tsopano tilikupenya ndi maso a mwanayo. Pang'ono ndi pang'ono kuŵala kuyamba, ngati nkhungu ya m'maŵa, ndipo m'kati mwa kuŵalako mutuluka nkhope. Umo ndi m'mene tionera Yesu koyamba. Zecca anali kutionetsa cozizwitsa ife tili kunja monga khamu la anthu. DeMille anatiika m'kati mwa munthu wociritsidwa.

Filimu imene ambiri odziŵa za kanema amaiyesa yopambana pa zonsezi inatuluka m'caka ca 1928, ndipo mulibe cozizwitsa ngakhale cimodzi. Anaipanga ku France ndi Carl Theodor Dreyer wa ku Denmark, ndipo isimba za mlandu wa Jeanne d'Arc. Jeanne anali mtsikana wa kumudzi, wosadziŵa kuŵerenga, amene ananena kuti Mulungu anamutuma kupulumutsa France pa nkhondo yake ndi England. Anatsogolera asilikari napulumutsa mzinda wa Orléans m'caka ca 1429, koma caka cotsatira anagwidwa. Bwalo la akulu a chalichi ogwirizana ndi adani ake linamuzenga mlandu, ndipo anatenthedwa ndi moto mu mzinda wa Rouen pa 30 Meyi 1431, ali ndi zaka ngati 19. M'caka ca 1456 bwalo lina linagamula kuti mlandu uja unali wosalungama, ndipo m'caka ca 1920 Mpingo wa Katolika unamuika m'gulu la oyera.

Dreyer sanaonetse nkhondo, ngakhale akavalo, ngakhale angelo olankhula ndi Jeanne. Anatenga mafunso ndi mayankho a m'mabuku enieni a mlanduwo, amene anasungidwa kufikira lero, nabweretsa kamera pafupi kwambiri ndi nkhope za anthu. Analetsa oseŵera onse kudzola zokometsera nkhope, kotero kuti makwinya a oweruza aoneka onse. Nkhope ya Renée Falconetti, amene anaseŵera ngati Jeanne, idzaza nsalu yonse. Tiona milomo youma, maso ofunafuna thandizo, ndi msozi umodzi ulikutsika pa tsaya. Oweruza amuopseza ndi moto, ndipo iye, pocita mantha monga munthu ali yense, asaina kalata yokana zimene ananena. Amumeta tsitsi, ndipo tsitsi la Falconetti linametedwadi pamaso pa kamera. Ali yekha m'ndende, aona kuti wakana cimene akhulupirira. Aitana oweruza, nabweza mau ake, alikudziŵa bwino lomwe kuti mapeto ake ndi moto. Palibe mngelo amene abwera kudzamulanditsa. Ine ndiyesa kuti pamenepa ndi pamene kanema wopanda mau anatha kuonetsa cikhulupiriro, patapita zaka 30 kucokera pa mafilimu oyamba aja. Kuyenda pa madzi kunafuna kujambula kaŵiri pa lamba mmodzi. Mtima wa mtsikana wosankha pakati pa moyo ndi coonadi cake unafuna nkhope ya munthu, ndi wojambula wodziŵa kudikira.

Pa nthaŵi imene filimuyi inali kutuluka, zithunzi zolankhula zinali zitayamba kale ku America m'caka ca 1927, ndipo m'zaka zocepa mafilimu opanda mau analekeka. Ambiri anatayika. Lamba wa masiku amenewo anali kugwira moto msanga kuposa udzu wouma, ndipo akakhalitsa anali kuwola nasanduka fumbi. Kafukufuku wa nyumba yaikulu ya mabuku ya boma la America, wofalitsidwa m'caka ca 2013, anapeza kuti mwa mafilimu aatali khumi ali onse opanda mau a m'dzikolo, pafupifupi 7 kulibenso. Filimu ya Kirchner inatayika, ndipo ya Méliès ya Kristu pa nyanja inatayikanso. Ya Dreyer inatsala pang'ono kutsata njira yomweyo, pakuti lamba wake woyamba anapsa ndi moto ku Berlin m'caka comweco ca 1928, ndipo kwa zaka zambiri anthu anali kuona zoduladula cabe. Koma m'caka ca 1981 munthu wina wogwira nchito pa cipatala ca odwala misala ca Dikemark, pafupi ndi mzinda wa Oslo ku Norway, anapeza zitini za filimu m'kacipinda kosungiramo katundu. M'katimo munali filimu yonse monga m'mene Dreyer anaipangira poyamba.

Aphunzitsi, wailesi ikatsekedwa, nayi nchito imene mungacite ndi ana. Muŵerenge nao nkhani ya mwana wa Yairo m'buku la Marko mutu 5, kuyambira ndime 21 kufikira 43. Musankhe ana oŵerengeka kuti acite nkhaniyo popanda kulankhula, ena onse ataimirira patali, kumapeto kwa bwalo la sukulu. Openyererawo anene zimene amva ndi zimene zaŵasoŵa. Kenaka mutenge katoni, muboole zenera lokwana nkhope ya munthu, ndipo mwana woseŵera ngati Yairo aike nkhope yake pa zeneralo, anzake atakhala pafupi. Aonetse ndi nkhope yokha nthaŵi ija pamene amithenga afika kudzamuuza kuti mwana wake wamwalira, asavutenso Mphunzitsi. Manja akhale kumbuyo. Ana aang'ono angajambule kamunthu pa ngondya ya tsamba lili lonse la kope lakale, mwendo ukusuntha pang'ono pa tsamba lotsatira, ndipo potsegula masamba msangamsanga ndi cala cacikulu adzaona kamunthuko kalikuyenda.

Tsalani bwino, ana inu, kufikira sabata la maŵa pa nthaŵi yomweyi.